Mchenga wa M'chitini

Malamulo aakulu a dziko lawo amati munthu azivota ataponda dothi la kwawo wopanda nsapato. Chimirireni chilumba chawo m'nyanja yamchere, banja lililonse mumsasa womwe anasamukira linkasunga mchenga wakwawo m'chitini.

M'mawa wa tsiku la chisankho, Seluia anapeza mayi ake, a Falaima, akuthira mchere wa ndiwo m'chitinimo.

"Amayi, mukutani?"

"Woyendetsa chisankho amayamba walawa mchengawu. Ukapanda mchere, amatibweza ngati alendo."

Seluia anatapako pang'ono. Mchengawo unali wofiirira ngati wa mumtsinje wa kuseri kwa msasa.

"Nanga wakwathu weniweni watsala wochuluka bwanji?"

A Falaima anavundula ndi chala, osamuyang'ana.

"Unathera kumapazi iwe usanabadwe. Vula nsapato, tingachedwe."