Tsamba Limodzi la Tiyi

Lamulo linali loti nsalu yatsopano uziilandira ukabweza yakale. Makina a pa sitolo ankayeza yakaleyo pasikelo, ikakwana n'kukutulutsira ina yotuwa ngati phulusa, yopanda duwa.

Khanda la Esinala linatuluka m'chikuta mbereko palibe. Chinalipo ndi chitenje cha malemu amayi ake a Esinala, chojambulidwa masamba a tiyi, chimene othyola tiyi ankalandira fakitale ya ku esiteti isanatsekedwe.

"Kaperekeni, mayi a mwana," anatero mwamuna wake, Layitoni. "Chatha ichi. Mwana adzagwa kumsana."

"M'mudzi muno chatsala chokhachi," anayankha Esinala.

Anatenga lumo, n'kudulapo tsamba limodzi, n'kulisokerera mkati mwa kachipewa ka mwana.

Ku sitolo sikelo inakana, inati nsalu yaperewera. Anthu pamzere anayamba kung'ung'udza. Esinala anamasula duku lake n'kuwonjezera.

Anabwerera mutu uli pamtunda, mwana ali m'nsalu yotuwa. Apongozi ake aamuna, amene anakhala pakhonde, anayang'ana kumbali.

"Manyazi onsewa chifukwa cha tsamba limodzi?" anafunsa Layitoni chapansipansi.

"Amayi anathyola masamba a tiyi moyo wawo wonse," anatero Esinala. "Ine ndathyolako limodzi lokha."