Tizitini Titatu pa Njanji

Ndowa inayambanso kudontha. Mkazi wa Ageti anaitembenuza n'kutsonya. Kunsi kwake kunali zigamba zokhazokha, zachitsulo, zosalala ngati zosita, zomatidwa ndi phula.

"Bambo, ndowa yatha iyi."

"Ikani chigamba china," anatero Ageti osatsegula maso.

Ageti anali mlonda wa geti la pomwe msewu umadutsa njanji, ndipo dzinalo linachokera pa ntchitoyo. Ntchito yake inali yosavuta: kutseka geti sitima ikamabwera, kutsegula ikadutsa. Vuto linali tulo. Bwana woyendera njanji anali atamupezapo akuliza mkonono pampando, ndipo sanamubisire mawu.

"Ndikadzamvanso zimenezi, ntchito yatha. Nyumba ya kampaniyi mudzatulukamo tsiku lomwelo."

Asanachoke, bwanayo anamusiyira kabokosi ka tizitini tofiira, tozungulira ngati ta polishi wa nsapato. Anamuuza kuti pageti pakachitika zovuta, athamange kupitirira pokhota paja, aike titatu panjanji motalikirana. Sitima ikatiponda timaphulika, ndipo woyendetsa amadziwa kuti aime msanga. Ageti anavomera ndi mutu, nakankhira kabokosiko kunsi kwa bedi. Kwa mkazi wake sananene kanthu. Ankati za njanji n'za amuna.

Masana a tsiku la ndowalo kunatentha. Ageti anakokera mpando pamthunzi, naika chipewa kumaso, kuti angopumitsa zikope.

Chinamudzutsa ndi kuphulika. Phu! Kenako kwina, kenako kwinanso. Anadzambatuka chipewa n'kugwa.

Geti linali lotsegula. Pakati penipeni pa njanji panaima lole yodzaza ndi masilinda a gasi, injini itazima. Dalaivala wake anali atafika kale patali, akulowa m'tchire nsapato zili m'manja. Pokhota paja panatulukira sitima ya mabogi a mafuta, mabuleki akulira, mawilo akulavula moto. Ageti anagwira mtanda wa geti n'kutsinzina.

Atatsegula maso, sitima inali itaima. Pakati pa mutu wa sitimayo ndi lole pakanangodutsa njinga.

Woyendetsa sitima anatsika, namukumbatira Ageti.

"Achimwene, pakanapanda tizitini tanu tija, bwenzi pano pali dzenje. Ine, inu, nyumba yanuyi, tonse phulusa."

Ageti anangoti, "Eya." Atapeza mpata anathamangira m'nyumba n'kusuzumira kunsi kwa bedi. Kabokosi kanali kotsegula. Titatu munalibe.

Potuluka anaona mkazi wake akuchokera kokhota kuja, m'mbali mwa njanji, akupuma mwawefuwefu. Pamutu anasenza tinkhuni tochepa tosakwana n'kuwiritsira madzi, nkhope ili mbuu. Ageti anamva manyazi mpaka m'mafupa. Kani tsiku lija mayiyu ankamvetsera kuseri kwa chitseko. Waona lole, waona mwamuna wake ali mtulo, wathamanga yekha osadzutsa munthu, kuti asamuchititse manyazi.

Anamuyandikira n'kunong'ona.

"Mayi, lero mwandiveka. Koma musanene kanthu."

Mayiyo anangomuyang'ana, n'kulowa m'nyumba.

Bwana woyendera anafika anthu atadzaza kale pageti, ena akukankha lole. Anazungulira sitima, anazungulira lole, nayenda mpaka pokhota. Anabwerako akupukusa mutu.

"Malo ake enieni. Kutalikirana kwake komweko. Ndi mwendo wanu wa nyamakaziwu, Ageti?"

"Pangozi mwendo umaiwala kudwala, bwana."

"Nanga geti bwanji linali lotsegula?"

"Ndikanatseka bwanji lole ili pakati, bwana? Ndinangoti bola ndithamange."

Anthu anaomba m'manja. Ageti anatola chipewa chake, nachipukuta, nachivala mopendeketsa. Anayamba kuonjezera nkhani. Anati anagwa panjira koma anadzukanso. Anati pomaika kachitini komaliza, njanji inali ikunjenjemera kale m'manja mwake. Mayi wina wogulitsa zipatso pageti anamupatsa nthochi zaulere.

"Za tulo zija ndaziiwala," anatero bwana. "Nyumbayi ndi yanu mpaka mudzapume pa ntchito. Ndipo akuluakulu amva za inu."

Kenako anapempha madzi akumwa, chifukwa kukhosi kunali kutauma.

Mkazi wa Ageti anatuluka ndi ndowa ija pamodzi ndi kapu, madzi akusiya mzere pansi kuchokera pakhomo. Anagwada, natunga, napereka ndi manja awiri. Ageti anamutsinzinira diso. Mayiyo sanamuone n'komwe.

"Pepani bwana, ndifunseko. Tizitini tofiira tija mumabweretsa ndinu?"

"Ndine, mayi. Mwaona ntchito yake lero."

"Ndaona. Ulendo wina muzibweretsa tabwino. Zaka zonsezi sitima imandisalazira zitini za zigamba kuseri kokhota uko bambowa akagona, osavuta. Lero ndaikapo tanu titatu, tonse taphulika, ndipo ndowa yanga ikudonthabe."