Mphindi ya Bata m'Nyumba ya Amayi

Namakutu anaimitsa kompyuta kachisanu n'kuvula mahedifoni. 

Filimu yake inali yoseketsa, ya mphindi khumi zokha, yokaonetsa mawa lake. Mwamuna akatsegula pakamwa pankatuluka kulira kwa chitseko, mkazi n'kumuyankha ndi likhweru la ketulo, banja n'kukangana mpaka kugwirizana popanda liwu la munthu. Anaijambulira m'nyumba ya malemu mayi ake, patangotha mwezi chiwaikireni m'manda. Azakhali anamuchenjeza kuti kuseka m'nyumba imene misozi sinaume n'chipongwe, iye n'kungoti zachikale zimenezo.

Pantchito imeneyi pali lamulo. Mukamaliza kujambula m'chipinda, aliyense amaima chilili mphindi imodzi, osatsokomola, kuti mutepe bata la chipindacho lodzatsekera mipata pokonza mawu. M'bata limenelo ndi momwe munali nkhani. Pansipansi pankamveka munthu akuimba cham'mphuno, kanyimbo kopanda mutu, kodukiza pakati ngati akumeza malovu. Amayi ankaimba choncho akamadikira madzi kuti awire. Pabalaza kanalipo, kukhitchini kanaliko, kuchipinda kwawo ndiye kanachita kumveka bwinobwino.

Namakutu, mkazi amene anzake ankamuseka kuti amamva ngakhale nyerere ikamayenda, anagwidwa ndi mantha enieni. Masana omwewo anabwerera kunyumbako yekha. Anatseka mazenera onse, anaimika maikolofoni pakati pa chipinda cha amayi, n'kudikira mphindi yathunthu. Pomvetsera anapeza kanyimbo kaja kali momwemo, tsopano pafupi kwambiri kuposa kale.

Anaitana mlongo wake, amene ankagwira maikolofoni masiku onse ojambula.

"Mawa sindikaonetsa, ndifufuta yonse," anatero Namakutu. "Amayi akwiya nafe. Tamvani nokha, achimwene."

Mlongo wakeyo anavala mahedifoni. Anamvetsera mpaka kumapeto, n'kubwezanso kachiwiri, koma kudabwa sanadabwe. Anangopukuta m'maso ndi chala.

"Achemwali, musafufute. Amenewa si amayi, ndinuyo. Chichokereni kumanda mumaimba choncho nthawi zonse mukangokhala chete, ndipo tonse timamva. Tinapangana kuti tisakuuzeni, kuopa kuti mungasiye."