Bambo amene anakaniza njira

Panali bambo wina, mwini chigayo, amene anthu ankangomutchula kuti a Tcheru. Munthu ameneyu sankakhulupirira aliyense. Mukawapatsa moni mosangalala, ankayamba kufunsa kuti mukufuna chiyani. Ngakhale akazi awo sankapuma nawo.

Tsiku lina lamba wa chigayo anaduka, ndiye anayenera kukagula wina m'tauni. Ponyamuka pa galimoto yawo anatenganso akazi awo, osati chifukwa cha chikondi ayi, koma kuopa kuwasiya okha ndi amuna obwera kudzagayitsa. Mwana wawo wamkazi, mmodzi yekhayo, anamusiya ndi azakhali ake.

Makolowo atangonyamuka, mwanayo anapita kukatenga nkhuni kuseri kwa nyumba ndipo njoka inamuluma mwendo. Azakhali anamubereka n'kuthamangira kumsewu. Mwamwayi anaimitsa wogulitsa tomato wina wa galimoto ya pikapu, munthu wosamudziwa n'komwe. Iye sanafunse zambiri. Anangoti, "Kwerani kumbuyoko, chipatala chili kutali."

Azakhali anabwereka foni ya watomatoyo n'kuimbira alamu awo. Foni inalira m'chikwama cha akazi a Tcheru.

"Ndani ameneyo?"

"Kaya, nambala yake sindikuidziwa."

"Simukuidziwa, eti? Bweretsani kuno."

Anailanda n'kuithimitsa. Foni ya a Tcheru nayonso italira ndi nambala yomweyo, anangoti, "Mwaona? Akufuna amve ngati tili limodzi." Anaithimitsanso.

Msewu umenewo ndi waukulu, wa mizere iwiri popita, iwiri pobwera, pakati pali mpanda wachitsulo. Lamulo lake aliyense amalidziwa. Umayenda mzere wa m'mphepete. Wa mkati ndi wodutsira anzako basi, ukadutsa ubwerere. Koma a Tcheru mzere wa m'mphepete ankauda. Ankati ndi kumene akuba amatchera misomali. Choncho ankangokhala mkati ngati anagula, uku akuyenda pang'onopang'ono kuopa apolisi obisala.

Atafika pa chitunda chachitali, mzere wa m'mphepete unali utadzaza malole a simenti akukwera mokwawa. Apo ndi pamene pikapu ija inawapeza. Inayamba kuphethira nyali. Kenako hutala, pipiii! pipiii!

"Bambo, m'patseni njira mnzanuyo," anatero akazi awo. "Pakati pa malolewo pali mpata, lowani adutse."

"Mnzanga? Ine ndilibe mnzanga wa pikapu. Kapena ndi mnzanu?"

"Aaa, inu! Munthu saliza hutala chonchi popanda vuto."

"Vuto lake mukulidziwa bwanji? Si ameneyu amaimba foni uja?"

Anayang'ana pagalasi. Pamwamba pa pikapu panali dzanja likukupiza chitenje, nkhope yobisika ndi madengu a tomato.

"Ehee! Machenjera akale amenewo. Akufuna ndipatuke, ndiime, andivule ndi nsapato zomwe. Apeze wina, ine si mwana."

Ndiye taonani zimene anachita munthu wamkulu ndi ndevu zake. Anachepetsa dala liwiro n'kufanana ndi lole, mphuno ndi mphuno. Lole ikatsalira, iwo ankatsaliranso. Mbali iyi mpanda, mbali iyo simenti, pikapu inasowa polowera. Chitunda chonse chinatha chomwecho, a Tcheru akumwetulira kuti agwira mbala.

"Wakutsina khutu ndi mnansi, bambo," anatero akazi awo, misozi ili pafupi. "Mtima wanga sukundipatsa mtendere."

"Ungakupatseni bwanji mtendere, chibwenzi chikuvutika kumbuyoku?"



Malole atatha, watomato anachita chimene aliyense amaletsedwa. Anadutsira mzere wa m'mphepete, galimoto ikupepesuka, tomato akugwera mumsewu. Podutsapo, a Tcheru anatembenuka kuti aione bwino nkhope ya mbala yawo. Anaona mlongo wawo atagwada pakati pa madengu, atafukata mwana, akukuwa.

Akazi awo anafuula dzina la mwanayo. A Tcheru anaponda mafuta n'kuithamangira pikapu ija. Liwiro limene ankaliopa lija analipeza tsopano, koma linali la chiyaninso?

Kuchipatala madokotala anayesetsa. Moyo anaupulumutsa, koma mwendo unali utawonongeka kale ndipo anaudula pansi pa bondo. Namwino wina, posadziwa amene akulankhula naye, anauza a Tcheru kuti, "Akanafika msanga pang'ono pokha, mwina mwendowu ukanapulumuka. Akuti pali chitsiru china chinawatsekera njira."

 Watomato anali atakhala pa benchi, malaya ali thukuta lokhalokha. Anangowayang'ana a Tcheru kamodzi, n'kunyamuka kukaona tomato wake wotsala. Sanapemphe ngakhale ya mafuta.

Mwana atatsitsimuka, anagwira dzanja la bambo ake.

"Ababa, galimoto ija ndinaizindikira. Ndinawauza azakhali kuti musalire, ndi ababa amenewo, atipatsa njira. Kodi simunatione?"

Akuti mpaka lero bamboyo sanaliyankhe funso limenelo. Mwanayo amapita kusukulu ndi ndodo, ndipo ndodoyo ikamagogoda pakhonde m'mawa, a Tcheru amalowa m'chigayo n'kuliza injini ngakhale palibe wogayitsa.

Phunziro: Mzere wa mkati si munda wako. Dutsa, ubwerere m'mphepete. Wina akakuphethira nyali, m'patse njira, chifukwa sukudziwa chimene wanyamula, ndipo ntchito yoweruza liwiro la anzako si yako. Kukayikira aliyense si nzeru, abale. Musaisunge nkhaniyi m'foni mwanu, itumizeni kwa aliyense wogwira chiwongolero, makamaka uja amene amati iye sanamizidwa.