Chala Chokanidwa

Makina anayakanso kofiira. Mwamunayo anapukuta chala pa ovolosi n'kudindanso pa kagalasi. Kofiira.

Kumbuyo kwake mzere wa akalipentala unali kukula.

"Wautali! Iwe Wautali!" anakuwa wina pamzerepo. Mwamunayo anachedwa kucheuka. "Nyambita chalacho, amwene. Makinawa amakonda malovu!"

Anthu anaseka. Iye ananyambita. Kofiira.

Makinawo ali pakhomo la shedi, pakati pa mulu wa matabwa ndi matumba a utuchi. Ukadinda, kompyuta ya mu ofesi imalemba kuti wabwera. Ukapanda kudinda, kaya wakhula matebulo mpaka msana kuuma, sunabwere. Wojomba sabata yathunthu amachotsedwa ntchito. Masiku odwalira, Wautali anawamaliza mwezi watha. Ndipo sabata ino yonse makina akhala akukana chala ichi.

Foni inanjenjemera m'thumba. Mlamu wake. Sanayankhe. Ankadziwa funso lake: yatheka? Kunyumba kuli ana atatu, onse maso pa ntchito imeneyi.

Kapitawo anafika, pensulo kukhutu. Anamugwira dzanja, nalitembenuza.

"Sandipepala wokhulira matabwa uja wadya mizere ya pachala. Zinandichitikirapo ine." Anamuyang'ana kumaso. "Koma matenda aja akusintha, mphwanga. Wanenepa. Nthabwala zako zija zatha. Hamala ukugwirira kumanzere."

"Lamanjali limandiwawa, bwana."

"Ndikukuona ndi maso angawa tsiku lililonse, koma kompyuta ikuti kulibe. Ndikaiuza, simva. Nanga ili ndi makutu?"

Mzere unadandaulira limodzi. Chinthu chopanda chisoni! Munthu wadzuka kumene pa mphasa! Wina anamenya makinawo ndi chipewa.

"Usade nkhawa," anatero kapitawo, akumusisita paphewa. "Ndaitana mayi wa makompyuta. Atsegula zala zonse khumi zomwe unadinda polowa ntchito. Chimodzi chokha chikagwirizana, nkhani yatha. Sandipepala sangadye zonse."

"Zikomo, bwana."

Anayang'ana geti. Mlonda anali atatseka kale. Anayang'ana zala zake. Mizere yonse inalipo, yooneka bwinobwino.

Chitseko cha ofesi chinatseguka. Mayi uja anatuluka, kompyuta kukhwapa, akumwetulira.

Makina sananame. Chala chomwe ankachifuna chinali kuchipatala, pa dzanja la diripi, dzanja la Wautali weniweni, m'bale wake wobadwa naye mapasa. Iyeyu ovolosi anabwereka, dzina anabwereka, nkhope anali nayo kale.

"Tiyambe ndi chachikulu, achimwene," anatero mayiyo.