Makalendala a Roza

Tasenderani kuno, inu a ku Chezi, ndi inunso ana obadwa dzulo amene mumangomva kuti kale kunali kuopa. Ndikulira Roza, mwana wa mlongo wanga Manesi. Ndikudziwa alipo ena mpaka lero akamva dzinali amalavula. Lavulani, koma muyambe mwamva.

Roza anaphunzira kwa asisitere, n'kupita ku Lilongwe. Kumeneko kampani ina yogulitsa feteleza inamulemba ntchito yoti aziilankhulira. Feteleza akakwera mtengo amatuma Roza pa wayilesi, ndiye akamamaliza kulankhula, iwe mlimi umatsala pang'ono kuthokoza. Pakamwa anali napo mwana ameneyu. Anakwatiwa ndi a Dominiko, aphungu athu a ku Nyumba ya Malamulo.

Chaka china kampani ija inasindikiza makalendala. Pachithunzi panali a Dominiko akutsegulira depoti yatsopano, akumwetulira. Roza anabwera nayo katoni yathunthu, n'kugawa nyumba ndi nyumba. Tinakhoma monyadira. Mkamwini wathu pakhoma!

Sipanapite nthawi, wayilesi inalengeza kuti a Dominiko ndi chigawenga. Anawatenga. Komwe anapita nawo palibe anafunsa. Masiku amenewo munthu akagwa, dzina lake limagwa naye, chithunzi chake chimasanduka mlandu. Ochenjera anachotseratu makalendala aja. Ambirife tinazengereza, timvekere kumapiri kuno adzaona ndani?

Linali tsiku la mu Okutobala, dzuwa likuswa mtengo, pamene tinamva injini zikukwera chitunda. Kutsogolo landirova, pambuyo lole, Ayufi a malaya ofiira atakangamira m'mbali mwake. M'lolemo munalibe katundu. Lole ikabwera m'mudzi yopanda katundu, timadziwa kuti katundu wake ndife.

Mu landirova munatsika Roza. Anali atafunda chitenje cha chipani kuyambira m'mapewa, kutentha konse kuja, mutu uli m'mwamba, wapolisi mbali iyi wina mbali iyo, ngati mlendo wolemekezeka. Mayi ake anathamanga atatambasula manja. Roza sanatulutse dzanja. Kugwada komwe ayi. Anangoti, "Mwaswera, mayi," ngati akupatsa moni munthu wogulitsa tomato pamsewu. Manesi anangotsala manja ali m'malere.

Ayufi analowa nyumba ndi nyumba, kukanganula makalendala, kuwaunjika pabwalo. Wamkulu wawo, wa chipsera pamphuno, anaponda muluwo nati, "Nyumba iliyonse imene tapezamo nkhope ya chigawenga, mwini wake akwere lole."

Anayambira ine. Anandikankhira m'mwamba, anzanga akundandalitsidwa pambuyo panga. Amayi a m'mudzi anayamba kulira cham'kati, poti kulira mokweza kunalinso mlandu.

Pamenepo Roza anaseka. Kuseka kwa pa wayilesi kuja.

"Bwana, mafuta a boma muwawonongere mbuli izi? Tawaonani awo," anandiloza ndi mlomo, ine mtsibweni wake. "Afunseni mwezi uno uli pati papepalapo. Ine ndinawapeza atakhoma chadodolido, miyendo ya munthu ili kudenga."

Ayufi ena anayamba kuseka.

"Nanga amasungiranji?" anafunsa wa chipsera uja.

"Kutsekera mng'alu wa khoma, bwana. Ena amang'amba n'kupichira chingambwe. Agogo ali apowo mwezi wa Malichi wonse anausuta."

"Ukuti sakudziwa kanthu anthuwa?"

"Mbuzi ikadya nyuzipepala mumati yawerenga? Munthu ujayu awa sankamudziwa n'komwe. Amaombera m'manja aliyense wobwera pagalimoto. Ngakhale inu mukamapita akuomberani."

Munthu ujayu! Mwamuna wake wa ukwati wa m'tchalitchi, kumutchula ngati galu wakuba mazira. Ife tinangozyolika. Roza sanaleke. Anatinyoza mmodzimmodzi, mano athu, zigamba zathu, kayendedwe kathu, mpaka Ayufi anagwira nthiti. Wa chipsera uja anapukuta misozi ya phwete, n'kunena kuti, "Tsika, mdala, ungatinunkhitsire lole. Otchani zinyalalazi."

Makalendala anapsa. Palibe anatengedwa. Koma chimwemwe panalibe. Anthu onse anaunjikana mbali ya kumoto, akunong'onezana. Wina amvekere, "Wapereka mwamuna kuti ntchito isamuthere." Wina, "Ndi yemweyu wawalondolera kuno. Akanadziwa bwanji za makalendala?" Manesi analowa m'nyumba n'kudzitsekera.

Ine nditatsika ndinakhala pansi kuseri kwa lole. Mbali imeneyo kunalibe munthu wina wa m'mudzi. Ndi pomwe apolisi aja anadutsa naye Roza kupita ku landirova. Roza anaponda pachitsulo chokwerera, n'kuterereka, osagwira chitseko. Wapolisi anamunyamula ngati thumba, chitenje n'kugwa.

Manja ake onse awiri anali mu unyolo, atatupa, magazi ataumira m'zala.

Roza anandiona kuti ndaona. Anapukusa mutu, maso akuloza kunyumba kwa mayi ake.

Ndinamumvera, za unyolozo sindinauze munthu. Manesi tamuika m'manda mwezi wathawu, akukhulupirirabe kuti mwana wake ali moyo kutauni, kungoti ndi wonyada. Roza sanabwerenso, manda ake sitiwadziwa. Ine ndatsala pang'ono kupita. Inu amene makolo anu sanakwere lole tsiku lija, chonde, muzimutchulako dzina mwana wa mlongo wanga, ndipo muwauze ana anu azimutchulanso.