Pepala la Khoti Lomwe a Peterson Anabisa

Panali munthu wina ku Thyolo, dzina lake a Peterson. Anali kapitawo pa esiteti ina ya tiyi cha ku Kapichi, komanso wapampando wa tchalitchi chaching'ono chomwe ansembe ankafikako kamodzi pamwezi. Amene anandiuza nkhaniyi anaona ndi maso.

Lachisanu Loyera lililonse, akhristu akumeneko ankayenda Njira ya Mtanda kudutsa m'minda ya tiyi, kuwoloka mlatho wamatabwa, mpaka pa kaphiri kena. Malemu bambo awo a Peterson ndiwo ankasenza mtanda panjira imeneyo zaka zambiri. A Peterson akamaiyenda ankamva ngati akadali pambuyo pa bambo awowo.

Chaka china mvula inagwa yoopsa, mlatho uja unafooka. Apolisi anati ulendo udutse mumsewu wa tala, iwo aperekeza pamodzi ndi ambulansi. A Peterson anakana kwamtuwagalu. Eni esiteti anakatenga chiletso kukhoti, ndipo pepala lake linaperekedwa kwa wapampando. A Peterson analipinda n'kuliponya m'thumba la jekete. Iwo anauza apolisi kuti akadikire pamphambano ya msewu wa tala, koma Lamulungu m'tchalitchi analengeza kuti, "Nkhani ija yatha. Khoti latilola."

Akazi awo, a Lestina, analipeza pepalalo pochapa.

"Abambo a Madalo, apa alemba kuti tisadutse. Anthu mwawauza chiyani?"

"Khoti likudziwa chiyani za mtanda? Ija ndi njira ya bambo anga."

"Bambo anuwo ankawoloka matabwa ali atsopano."

"Ndiye mukufuna mukandiyalutse pagulu?"

A Lestina anangoti, "Basi, ine ndikayenda ndi ana."

Tsikulo anthu anabwera mazanamazana, ena ochokera ku Makwasa. Atafika pamlatho, a Lestina anaima n'kuyamba kubweza ana kuti akawolokere pamiyala chakumtunda. Kamtsikana kena kanapulumuka n'kulowa pakati pa akuluakulu pamlathopo. A Lestina anakathamangira, n'kukakankhira kumtunda. Pomwepo mlatho unathyoka.

Ambulansi inali kutali pamphambano, ndipo m'kanjira kamatope kopita kumlathoko sikanatha kulowa. Ovulala anawakweza pa thirakitala yonyamula tiyi. Anthu atatu anamwalira asanafike kuchipatala. Mmodzi anali a Lestina.

Maliro atatha, a Peterson anapita okha kupolisi n'kukapereka pepala lija. Khoti linawagamula kuti akakhale kundende zaka zisanu. M'zaka zonsezo mwana wawo Madalo sanapiteko ngakhale kamodzi. Tsiku lililonse loona akaidi, a Peterson ankasamba, kupesa, n'kukhala moyang'ana kugeti mpaka belu litalira.

Atatuluka analunjika kumudzi kwa akazi awo komwe anali mkamwini. Mchimwene wa malemu anawalandirira panja, mpando osawapatsa.

"Alamu, tinakusudzulani kale. Mwana ndi wathu. Pitani kwanu ku Nsabwe."

Anapita. Koma Lachisanu Loyera likafika, ankakwera kabaza n'kukaima m'mbali mwa msewu wa tala, kuti mwina angomuona mwana wawo akudutsa. Zaka ziwiri sanamuone, anthu anali ambiri.

Chaka chachitatu anamuona. Madalo anali atakula, nkhope ya mayi ake yeniyeni. Anali m'gulu la olondolera anthu, atavala chovala chonyezimira, atagwira chingwe cholekanitsa oyenda ndi oonerera. A Peterson anaiwala zonse, anakweza mwendo kuti adumphe chingwe.

"Madalo, mwanawe!"

Mtsikanayo anawayang'ana nthawi yaitali.

"Abambo, imani komweko. Apa saloleza."

A Peterson anabweza mwendo. Anaima pomwepo chipewa chili m'manja mpaka munthu womaliza atadutsa. Akuti mpaka lero amabwerabe.

Phunziro: Apolisi kapena khoti akatiuza njira yoyenda pa mapemphero a anthu ambiri, sakulimbana ndi Mulungu, akuteteza moyo wa ana a Mulungu. Iwe mtsogoleri, usabise choonadi kwa anthu amene akukutsata chifukwa chokonda zakale. Mwambo tidzauchitanso chaka chamawa, koma munthu akapita wapita. Tumizani uthengawu kwa atsogoleri a mpingo kapena mzikiti wanu, ulendo wina usananyamuke.